Wapagolo Wovala Matiresi

Ku msika wa ku Chiuaula, mu mzinda wathu wa Lichinga, kuli mnzanga wogulitsa anyezi, Jafali, amene akandiona ndikubwera ndi matumba anga a mbatatesi amayamba kuvina. Savina zambiri. Amangokweza mwendo umodzi, kugwedeza phewa, n'kukhala pansi, ndipo mzere wonse wa ogulitsa umafa nako kuseka. Ine ndimayala mbatatesi zanga ngati sindikumudziwa mwini gule ameneyu, chonsecho mwini wake ndine. Poti nkhaniyi aliyense akuikamba mmene akufunira, ena mpaka kuwonjeza zoti ndinakomoka (sindinakomoke, ndinangokhala pansi mofulumira), ndaona kuti ndi bwino ndiifotokoze ndekha.

Ndili ndi mwana wamkazi, Anifa, wachisamba. Atamaliza sukulu ya pulayimale tinamutumiza ku Blantyre kwa amayi ake aang'ono, amene anatsalira ku Malawi enafe tikubwerera kuno nkhondo itatha. Kwathu amabwera pa Idi pokha, atavala diresi lofika kumapazi ndi mpango kumutu, kugwada, kupereka moni, masiku ochepa wabwerera. Kumeneko ndi kumene anaphunzira masewera otchedwa hoke. Ngati simunawaonepo, ganizirani mpira wamiyendo, koma aliyense mumupatse ndodo yokhota kumapeto ngati chigwiriro cha ambulera, mpirawo muuchepetse ufanane ndi lalanje, koma ulimbe ngati mwala wa kumtsinje. Zimenezi ndikuzidziwa lero. Nthawi imeneyo ndinkangodziwa kuti mwana amasewera kenakake ndipo akuti amakhoza.

Musandiweruze msanga. Anifa akaimba foni, mbali yanga inali yodziwika: uli bwanji, ukupemphera, ukudya, chabwino, nawa amako. Zotsalazo ankakamba ndi amake mpaka foni kutentha, ine ndili ku wailesi. Abambo ambiri amene mukuwerenga mumachita zomwezi, musanamizire.

Tsiku lina ndikuti ndipereke foni, iye anati, "Baba, musapereke kaye. Lero ndikufuna inuyo."

 Ndinati basi, wapeza mwamuna. Koma ayi. Timu yawo inali itapita kunja pa ndege, ku mpikisano waukulu wa matimu a amayi ochokera m'mayiko osiyanasiyana a mu Africa, ndipo Loweruka ankasewera masewera oti wopambana akalowe fainolo.

"Aonetsa pa intaneti," anatero. "Amayi anandionapo atabwera ku Blantyre. Amalume anandionapo. Inu nokha simunandionepo. Mudzandione, Baba. Ndikatha ndidzaimba, ndidzakufunsani."

Ndinalonjeza. Koma mawu amene anandibaya anali akuti "amalume anandionapo."

Kwathu kuno mwana ndi wa kuchikazi. Ine ndine mkamwini. Nyumba ndinamanga ndi manja anga, koma dothi limene yakhalapo ndi la akuchikazi, ndipo mwini mbumba ndi alamu anga Che Saidi, achimwene a mkazi wanga, a sitolo ya zitsulo za njinga zamoto ku Assumane. Ndi munthu wosakwiya, wolankhula pang'onopang'ono, amene akanena kuti "mwana wathu" umamva ndithu kuti iweyo sulimo. Sitinayambanepo. Timangopatsana moni waulemu wopyola muyezo moti aliyense amadziwa kuti pali kanthu.

Atamva za Loweruka anabwera kudzati, "Alamu, kwathu kuli kanema wamkulu. Bwerani nonse tidzaonere kumeneko."

Ndinati, "Zikomo alamu, koma mwana aoneredwa pakhomo pa bambo ake."

Amati mkamwini asamakule mwendo. Wanga tsiku limenelo unakula. Che Saidi anangomwetulira n'kuti kanemayo adzabwera naye okha pa galimoto, poti wathu ndi wamng'ono ngati chivundikiro cha poto.

Sabata yonseyo ndinagulitsa mbatatesi zochepa, ndinagulitsa kwambiri mwana wanga. M'foni mwanga munali chithunzi chimene Anifa anatumiza kale: atsikana a timu yawo ataima mizere iwiri, onse atavala zobiriwira, iye ali kumapeto. Chithunzi chimenechi chinaonedwa ndi aliyense wolowa mumsika, ngakhale wobwera kudzangofunsa mtengo. Ndinkawauza kuti liwiro anatengera ine. (Umboni ndili nawo. Nkhondo itafika kwathu ku Lione ndili mnyamata, ndinafika kumalire a Malawi mudzi wonse usanafike. Amayi anga mpaka kumwalira kwawo ankanena kuti ndinasiya mbuzi ndi mng'ono wanga panjira, koma mng'ono wangayo anafika, ali moyo, ndiye sindiona vuto.) Ndinasoketsa malaya obiriwira. Ndinagula kapulana wobiriwira, nsalu ija ku Malawi amati chitenje, n'kumupachika pakhonde. Kufunsa mwana kapena amake kuti kodi pabwalo amaima pati, zimenezo sizinandibwerere m'mutu. Mwana wa munthu waliwiro angaimenso pati kupatula kutsogolo?

Loweruka masana kunali chisanu chathu cha ku Lichinga, chija cholowa m'mafupa dzuwa likuwala. Kanema tinamuika pa tebulo pakhonde. Amuna tinakhala pamipando kutsogolo, ine pakati, Che Saidi kumanja kwanga, ashehe a pamzikiti wathu kumanzere, Jafali ndi ena a kumsika kumbuyo kwathu. Amayi anayala mphasa chakumbuyo, kufupi ndi khitchini, monga zimakhalira. Tiyi wa tangawizi ndi mandasi zinayenda. Magalasi anga ndinawasiya m'nyumba dala, chifukwa amandikalambitsa.

Che Saidi analumikiza foni yawo, chithunzi chinabwera. Bwalo la buluu, anthu inu, lonyezimira madzi. Wojambula anali patali, osewera akuoneka ngati nyerere, ndipo chithunzicho chinkaima n'kuyambanso mmene intaneti yathu imachitira. Koma ndinaona zofunika: timu ina yoyera, ina yobiriwira.

Ndinaimirira. "Abale, obiriwirawo ndi athu. Oyerawo ndi adani."

Chimene sindinkadziwa, ndipo ndinadzachidziwa mochedwa, n'chakuti matimu awiri akakhala ndi mtundu umodzi wa zovala, ina imasintha. Timu ya Anifa tsiku limenelo inavala zoyera.

"Nanga mwana wathu ndi uti, alamu?" anafunsa Che Saidi, akuuzira tiyi.

Ndinayang'ana. Atsikana onse mitu pamtunda, timasiketi tatifupi. Koma mwa obiriwira munali mmodzi wamtali, atakulunga mpango kumutu, miyendo ataibisa ndi thalauza lothina lakuda, ndipo ankathamanga ngati wamva mfuti.

"Uyo! Wa mpangoyo. Mwana wanga sangayende mutu pamtunda pamaso pa dziko lonse. Taonani miyendoyo. Imeneyo ndi ya ku Lione."

"Mashallah," anatero ashehe.

"Ndi miyendo yanu imeneyo, alamu?" anatero Che Saidi.

"Yanga yeniyeni."

"Aa, chabwino." Anamwa tiyi.

Wofotokoza masewera ankalankhula Chingerezi chothamanga, ndipo poti ine ndinakhalako ku Malawi n'kuphunzira makalasi angapo, ndinadzipatsa ntchito yomasulira. Zoona zake, ndinkamva liwu limodzi pa khumi, ena ndinkadzaza ndekha. Jafali akafunsa kuti akuti chiyani, ndinkati akuti obiriwira ndi oopsa. Koma panali liwu limodzi limene aliyense analimva bwinobwino. Mtsikana wa mpango uja anazemba anthu awiri, n'kumenya mpira mwamphamvu kuloza kugolo la oyera. Wapagolo anauletsa ndi mwendo, ndipo wofotokoza uja anakuwa, "Anifa! Anifa!"

"Mwamva?" ndinatero, ndikumenya pachifuwa. "Mwamva dzinalo? Ngakhale azungu alidziwa!"

Nthawi yomweyo kumphasa kunalira nthungululu. Ndinacheuka modabwa. Mpira wathu waletsedwa, iwo akululuta. Ndinawakhululukira ulendo woyamba. Zitachitikanso, ndinaona kuti pakufunika maphunziro.

"Amayi inu," ndinatero, "tamverani. Mpira ukalowa mu ukonde, ndiye timasangalala. Ukaletsedwa, ndiye kuti zativuta. Musatichititse manyazi pamaso pa alendo."

Amayiwo anayang'anana. Wina anabisa nkhope mu kapulana, mapewa akugwedezeka. Ndinati m'mtima, bola wachita manyazi.

Tsopano ndikuuzeni za wapagolo ameneyu. Mu hoke wapagolo saoneka ngati munthu. Kumutu chisoti chokhala ndi zitsulo kumaso ngati zenera la kupolisi, pachifuwa chotupa, m'miyendo zinthu zonenepa ngati wang'amba matiresi n'kudzimangirira, m'manja zinthu ngati mikate. Wa oyerayu anavala zachikasu, wamfupi, akuyenda tang'atang'a ngati bakha. Koma mpira ukabwera, amasanduka china. Wam'mwamba amaukankha ndi dzanja, wapansi amagona chopingasa, wina anauletsa ndi chisoti chomwe, ndipo tinamva kulira kwake pakanema pomwe, kuti kho! Iye anangogwedeza mutu n'kuimanso.

Ndinayamba kudana naye. Ndikunena zoona, ndinadana naye ndi mtima wanga wonse.

"Ichi n'chiyani chavala matiresichi?" ndinakuwa. "Sichimva kuwawa? Choka apo iwe, mwana wanga adutse!"

Mkazi wanga, Abiti Omari, anabwera ndi ketulo, n'kugwada pambali pa mpando wanga. Akuthira tiyi ananong'oneza, "Bambo ake Anifa, tabwerani kuseri pang'ono, pali mawu."

"Ngati shuga watha, katengeni pa ngongole kwa a Dona a pagolosale apo. Simukuona kuti mwana ali pankhondo?"

"Si shuga."

"Ndiye zidikire."

Anayang'ana achimwene ake. Che Saidi anapukusa mutu pang'ono chabe, ngati akuingitsa ntchentche. Mkazi wanga anadzuka n'kubwerera kumphasa. Patapita kanthawi anabweranso, ulendo uno ndi magalasi anga pa mbale, n'kuwaika pa bondo langa. Ndinawaika m'thumba. Ndadziwa kale anamanga nyumba yopanda khomo.

Pa nthawi yopuma wojambula anayandikira, n'kuonetsa nkhope ya mtsikana wa mpango akumwa madzi. Jafali anasendera kutsogolo, anatsinzina diso limodzi.

"Koma akulu, Anifa anali ndi mphuno yaitali chonchi?"

"Zakudya zakunja," ndinatero. "Zimasintha munthu."

"Nanga msinkhuwo? Pa Idi anali wamfupi."

"Kanema amatalikitsa. Sunaonepo kuti apulezidenti pakanema ndi aatali?"

Jafali anavomera. Ndipo musaiwale, nonse amene mumaseka lero, kuti munavomera.

Atayambanso, obiriwira anatsekereza oyera kugolo kwawo. Mpira uwu waletsedwa, uwu waletsedwa, uwu wamenya mtengo. Ine thukuta kamukamu ndi chisanu chonsecho. Pakamwa panga panatseguka.

"Mwana woleredwa bwino amapatsako mpata anzake," ndinatero. "Uyu analeredwa kuti? Ndikukuuzani ashehe, bambo ake a mtsikana ameneyu ayenera kukhala munthu wovuta. Wouma mutu. Wosamva za anzake."

"Pamenepo mwalasa, alamu," anatero Che Saidi. "Ndimakudziwani kuti anthu mumawaona patali."

M'zaka zonse za ukwati wanga aka kanali koyamba kuti alamu anga andiyamikire, ndipo ndinamva kukoma.

Kenako zinachitika. Obiriwira anapatsidwa kona. Mpira unakankhidwa, wina anauimitsa, mtsikana wa mpango anaukokera m'mwamba, wapagolo anadziponya, koma unadutsa pamwamba pa dzanja lake n'kugwedeza ukonde.

Anthu inu, ndinavina. Sindinavine pa ukwati wanga, sindinavine tsiku lobwerera kuchoka ku Malawi, koma tsiku limenelo ndinakankha mpando, ndinakweza mwendo, ndinagwedeza phewa, ndinazungulira bwalo lonse fumbi lofiira kuti kobo. Amuna a kumsika anandilowerera pambuyo. Ndinabwerera pa kanema, pamene wapagolo anali chigonere chafufumimba, akumenya pansi ndi dzanja. Ndinamuloza ndi chala.

"Gona pomwepo! Ukawauze bambo ako kuti wakumana ndi mwana wa ku Chiuaula!"

Kumphasa kunali zii, ngati pamaliro. Mkazi wanga anadzuka n'kulowa m'nyumba. Ndinaganiza kuti chimwemwe chamukulira.

Chisangalalo changa sichinakhalitse. Nthawi itatsala pang'ono kutha, oyera anathamanga ulendo umodzi wokha n'kubweza chigoli. Amayi analuluta mpaka nkhuku kuthawa, mkazi wanga anatuluka akuthamanga, ine ndinagwira mutu. Sindinawadzudzulenso. Ndinaona kuti anthu ena saphunzitsika.

Masewera atatha mofanana, anayamba zopikisana mmodzimmodzi. Wosewera amayambira chapatali, kuthamanga ndi mpira yekhayekha, kukakumana ndi wapagolo maso ndi maso. Oyera anagoletsa yawo ina, ina anaphonya. Obiriwira akabwera, chimatiresi chija chinkatuluka pagolo, kuwatsata uku ndi uku, kuwatsekera njira mpaka nthawi kuwathera. Womaliza anali mtsikana wa mpango. Akagoletsa, zipitirira. Akaphonya, obiriwira atuluka.

Ndinagwira dzanja la ashehe. "Ashehe, dua. Pemphani Mulungu amutseke maso wapagoloyo. Amuterereze. Chilichonse."

Ashehe anatambasula manja, amuna tonse tinati amina. Kumbuyo amayi nawo anatambasula awo, ndipo ndinathokoza kuti pamapeto pake tagwirizana.

Mtsikana wa mpango anathamanga. Anapita kumanja, wapagolo ali pomwepo. Anatembenukira kumanzere, ali pomwepo. Anayesa kuudutsitsa pansi, wapagolo anadziponya thupi lonse, mpira unamenya matiresi n'kuthawira kunja.

Ndinabisa nkhope m'manja. Mumtima ndinkakonza kale mawu omutonthoza mwana wanga pafoni. Kumbuyo kwanga kunali chiphokoso, amayi akuvina pamphasa, ndipo ndinati nditembenuke ndiwathamangitse onse pakhomo panga. Ndikudzutsa mutu, ndinaona pakanema atsikana oyera ataunjikana pa wapagolo wawo. Anamudzutsa. Anavula zam'manja zija, anamasula chisoti, ndipo wojambula anayandikira mpaka nkhope inadzaza kanema yense wa Che Saidi.

Pansi pa chisoticho panali mpango wakuda wonyowa ndi thukuta. Pansi pa mpango panali chipumi changa. Chipumi chomwechi, chimene anzanga kusukulu ankati ndi khonde. Pamwamba pa diso panali kachipsera kamene anavulala atagwa pa matumba anga a mbatatesi akuphunzira kuyenda. Magalasi sanafunike. Anayang'ana wojambulayo, akulira ndi kuseka pamodzi, anadzimenya pachifuwa n'kukuwa, ndipo mawuwo anamveka pabwalo langa lonse:

"Baba! Lichinga! Baba!"

Apa ndi pamene anthu amati ndinakomoka. Ndinangofuna kukhala pansi, koma mpando ndinali nditaukankha povina.

 Ndinamva mphepo m'mitengo ya paini kuseri kwa mpanda. Jafali anayamba kuti, "Kodi uyu si..." koma sanamalize. Che Saidi anaika kapu pansi mosamala, anapukuta pakamwa, analoza pakona pa kanema pamene mtsikana wa mpango anagwada akulira.

"Alamu," anatero, "miyendo yanu ikulira uko. Simukaitonthoza?"

Bwalo linaphulika. Amuna amene ankavina nane anagubuduka pafumbi ngati iwo sanavine. Amayi anagwirana m'mapewa kuti asagwe. Ashehe, munthu wachifundo, anandigwira paphewa, misozi ili m'maso, n'kuti, "Musadandaule. Dua yathu Mulungu anaimva, koma anaona kuti talakwitsa nyumba."

Ndinalowa m'khitchini ngati mbuzi yonyowa ndi mvula. Mkazi wanga anandipeza kumeneko.

"Amake Anifa, bwanji osandiuza?"

"Ndinagwada pambali panu. Munandituma shuga."

"Ukanangonena pomwepo!"

"Pamaso pa ashehe ndi achimwene? Ndinene kuti amuna anga sakumudziwa mwana wawo? Amayi anga sanandilere choncho."

Ndinakhala pa mtondo. Ndinamufunsa kuti iye anamuzindikira bwanji munthu wobisika thupi lonse, ali kutali ngati nyerere. Anati ankadziwa kale kuti mwana ndi wapagolo, koma ngakhale akanapanda kudziwa, Anifa akamadikira kanthu amapendeketsa mutu kumanzere, kuyambira ali wakhanda, ndipo amayi onse pamphasa anaona zimenezo masewera asanayambe n'komwe.

"Nanga n'chifukwa chiyani anasankha pagolo? Mpira umenewu ungaphe munthu."

 "Mwaiwaladi? Chaka chimene anayamba, anabwera pa Idi n'kukupemphani kuti mumulole azisewera. Inu mukudya, osamuyang'ana, munati mwana wanga sathamanga pagulu ndi kasiketi. Anabwerera ku Blantyre akulira. Kenako anaona kuti pagolo munthu amavala kuyambira kumutu mpaka kuphazi. Anati, apa Baba sangakane."

Sindinkakumbukira. Mpaka lero sindikumbukira. Mawu amene ndinawataya pakati pa mbamu ziwiri, mwana anawatola, n'kukaima nawo zaka zonsezi kutsogolo kwa mwala wouluka. Ndinamva manyazi, koma kunyada kunaposa.

Foni inalira dzuwa lisanalowe, alendo ambiri atapita. Ndinaiyang'ana ngati njoka. Bodza linali lokonzeka pakamwa: ndinakuona mwanawe, ndinakuzindikira pomwepo. Koma panja Che Saidi anali akadalipo, ndipo bodza limene mwini mbumba akulidziwa silifika m'mawa.

"Baba! Munandiona?"

Mawu ake anali osasa ndi kukuwa. Kumbuyo kwake atsikana ankaimba m'basi.

"Ndinakuona, mwanangu," ndinatero. "Koma pali nkhani."

Ndinamuuza zonse. Za malaya obiriwira, za mtsikana wa mpango, za matiresi, za gule, za dua. Ngakhale za bambo ake a wapagolo ndinamuuza. Nditamaliza, kunali chete. Ndinayang'ana foni kuona ngati yaduka. Mwanayu anangondipempha kuti ndimuone, ine n'kukaona wa eni.

Kenako ndinamva kaphokoso ngati munthu akutsamwa. Ankaseka. Anaseka mpaka kutsokomola, n'kuyamba kufotokozera anzake, ndipo ndinamva basi yonse ya atsikana m'dziko la eni ikundiseka ine, wogulitsa mbatatesi wa ku Chiuaula.

"Baba," anatero atapeza mpweya, "ndiye ndinakuvutitsani?"

"Unandidwalitsa. Ndinkafuna kulowa m'kanemamo ndikuchotse ndi manja."

"Mpira uja wa pachisoti munauona?"

"Ndinauona. Ndinati chimenechi si munthu."

"Nanga uja ndinagona chopingasa?"

"Ndinautukwana."

"Ndiye kuti munandionadi," anatero, ndipo mawu ake anasintha, kuseka kunatha. "Amayi amatseka maso mpira ukamabwera. Inu mwaona yonse. Lolemba fainolo, Baba. Ndine wa matiresi."

Nditatuluka ndinapeza Che Saidi atatsegula galimoto, koma kanema akadali pa tebulo. Anati amusiya, fainolo tidzaonera pompano. Atalowa m'galimoto anatsitsa galasi.

"Alamu, liwiro sindikudziwa. Koma liuma lija si lakwathu. Kwathu mwala ukabwera timalewa. Mwana ndi wanu uyu."

Anayendetsa galimoto n'kupita. Ndikudziwa kuti munali chipongwe m'mawuwo, koma ndinawalandira ndi manja awiri, ndipo ndikuwasunga.

Lolemba anthu anabwera ochuluka kuposa Loweruka, theka kudzaona Anifa, theka kudzaona ine. Ndinavala malaya oyera, magalasi ali pamphuno. Mpando wapakati ndinapatsa ashehe, ine ndinakakhala kumapeto kwa mphasa, pambali pa mkazi wanga, nditatsimikiza kuti sindiimirira iye asanalulute. Amuna anaseka, ndinawasiya. Wapagolo wachikasu anatuluka akuyenda ngati bakha, anaima pagolo, anapendeketsa mutu kumanzere, ndipo ndinati pamtima, lero ndikuona bwinobwino, mwanangu, kuyambira poyamba mpaka pomaliza.

Mpira woyamba unabwera. Mtsikana wina wamphamvu ngati wonyamula matumba anakweza ndodo, ndipo ndinakumbukira kulira kuja kwa chisoti, kuti kho, ndi kuti mkati mwa chisoticho muli chipumi cha mwana wanga. Maso anatsekeka okha. Ndinayesa pa wachiwiri, anatsekekanso. Ndinapezeka nditagwira m'mphepete mwa kapulana wa mkazi wanga, iye atagwira dzanja langa, tonse awiri titaweramira pansi ngati tikusankha nyemba, tikudikira nthungululu za anzathu kuti zitiuze ngati mwana ali moyo.

Chikho anatenga. Akuti anagwira mipira yoopsa kuposa ya Loweruka, ndipo ku msika ndimaifotokoza yonse, umodziumodzi, mmene Jafali anandifotokozera. Koma inu ndikuuzani zoona: tsiku lokhalo limene ndinamuona mwana wanga akusewera, maso ali gwa, osaphethira, ndi lija ndinkamutukwana.